Mwezi wachiwiri umene ukumveka pa WhatsApp: Lilith, miyala yosochera ndi zimene akatswiri aona

Usiku wa pa 29 Seputembala 2024, mlamu wanga amene amalondera pa fakitale ina ku Midrand ananditumizira uthenga wa mawu cha m'ma 2 koloko. "Alamu, paja akuti kuyambira lero miyezi ikhala iwiri? Ine ndili panja pano, khosi lachita kuwawa. Watsopanowo sindikuuona, ndi wakale womwe kulibe." Ndinaseka ndekha m'bulangete. Wakalewo unalipo, kungoti unali utatsala masiku ochepa kuti ufe, ndiye unkatuluka mbandakucha, kachigamba chabe kum'mawa. Koma funso lawo silinali lachibwana. Mawailesi ndi nyuzipepala zinali zitalengezadi kuti dziko lapeza mwezi wachiwiri.

Kutacha, pa gulupu ya bungwe lathu la maliro panali patagwa kale chithunzi: miyezi iwiri pamwamba pa nsanja ya Hillbrow, waukulu woyera ndi waung'ono wobiriwira. Mayi ena a ku Rosettenville anati n'chizindikiro cha masiku otsiriza. Mtsikana wina amene amatsata za nyenyezi pa TikTok anati ayi, umenewo ndi Lilith, mwezi wakuda, wakhalapo kuyambira kalekale. Bambo ena anangoti azungu ayambanso kutinamiza. Anthu atatuwa ankakangana, chonsecho aliyense ankakamba chinthu chakechake. Dzina lakuti mwezi wachiwiri lavekedwa zinthu zingapo zosiyana pa zaka pafupifupi 180 zapitazi, ndipo mpofunika kuzivula chimodzichimodzi.

Mwezi n'chiyani?

Kwa akatswiri a zakuthambo, mwezi ndi chinthu chachilengedwe chimene chimazungulira pulaneti chifukwa chagwidwa ndi mphamvu yake yokoka. Mbuzi yomangidwa pachikhomo imazungulira chikhomocho. Mbuzi yongodutsa itha kukhota pafupi ndi chikhomo chomwecho, koma si ya pakhomopo. Mwezi wathu ndi womangidwa. Uli pa mtunda wa makilomita pafupifupi 384,400, m'mimba mwake ndi makilomita 3,474, ndipo umamaliza kuzungulira dziko pa masiku 27 ndi maola angapo.

Chingwecho chili ndi polekezera. Dzuwa ndiye mfumu yaikulu ya dera lonse, dziko lathu ndi nyakwawa chabe, ndipo mawu a nyakwawayi amamveka mpaka pa makilomita pafupifupi 1.5 miliyoni. Kupitirira pamenepo mlandu uliwonse ndi wa dzuwa. Malire amenewa tiwakumbukire, tidzawafuna kutsogoloku.

Mitala ya miyezi si yachilendo kumwambaku. Mars ili ndi iwiri, Phobos ndi Deimos, imene inapezeka mu 1877. Jupiter ili ndi yoposa 90, Saturn yoposa 200. Ndiye munthu wofunsa chifukwa chimene ife tilili ndi umodzi wokha wafunsa zomveka.

Makolo athu, m'malo mopatsa mwezi mnzake, anaupatsa akazi. Nthano yakale ya Amang'anja imati mwezi ndi bambo wa mitala. Mkazi wa kum'mawa, Chekechani, saphika bwino, ndiye bamboyu akakhala kumeneko amaonda mpaka kutha. Akapita kwa Puikani kumadzulo amadyetsedwa n'kunenepa kufikira atakhala wathunthu. Akazi awiriwa ndi nthanda ya m'mawa ndi nyenyezi yowala ija ya madzulo, ndipo lero tikudziwa kuti ndi chinthu chimodzi, pulaneti ya Venus. Nthanoyi ine ndimaikonda chifukwa anaipeka anthu amene ankayang'anadi kumwamba. Mwezi wofooka umaonekadi kum'mawa pafupi ndi nthanda, ndipo ukakhala umayambiradi kumadzulo.

Mwezi wa ku Toulouse ndi wa ku Hamburg

Mu 1846, Frédéric Petit, mkulu wa malo oonera zakuthambo ku Toulouse m'dziko la France, analengeza kuti wapeza mwezi wachiwiri. Anadalira anthu atatu amene anaona chinthu chowala chikudutsa madzulo a pa 21 Malichi chaka chimenecho. Atachita masamu ake anati kamwezika kamazungulira dziko pa maola 2 ndi mphindi 45, ndipo kakayandikira kwambiri kamadutsa makilomita 11.4 okha pamwamba pa nthaka. Nkhani inafera pomwepo. Makilomita 11 ndi pamene pamauluka ndege yochoka pa OR Tambo kupita ku Chileka. Pamenepo mpweya ulipo, ndipo mwala wothamanga choncho ungapse n'kugwa usanamalize ulendo umodzi. Chimene anthu atatu aja anaona chiyenera kuti chinali mwala woyaka, zija timati nyenyezi yathothoka.

Wa ku Hamburg ndiye anasimba mokoma. Mu 1898 Georg Waltemath anati dziko lili ndi timiyezi tambiri, ndipo umodzi anaufotokoza ngati wachita kuugwira: makilomita 700 m'mimba mwake, kutanthauza kuposa kutalika kwa Nyanja ya Malawi yonse, pa mtunda wa makilomita 1.03 miliyoni, wozungulira dziko pa masiku 119. Atafunsidwa chifukwa chimene suonekera, anati ndi wakuda, suwala mokwanira. Koma anachita chinthu chimodzi chaulemu: anatchula masiku. Anati kumayambiriro kwa Febuluwale mweziwo udutsa kutsogolo kwa dzuwa. Pa 4 Febuluwale anthu 12 pa positi ofesi ya ku Greifswald m'dziko la Germany anayang'ana dzuwa ndi maso okhaokha (chonde musayese zimenezi) n'kunena kuti aona chinthu chakuda chikudutsa. Tsoka lake, nthawi yomweyo akatswiri awiri, wina ku Jena wina ku Pola, analinso akuyang'ana dzuwa lomwelo ndi matelesikopu. Anaona timadontho ta padzuwa ta masiku onse, basi.

M'zaka za m'ma 1950 Clyde Tombaugh, amene anapeza Pluto mu 1930, anathera zaka zingapo akusakasaka timiyezi ta dziko ndi makamera, ndalama zake zochokera ku asilikali a America. Sanapeze kanthu.

Nanga Lilith walowamo bwanji?

Apa ndi pamene ambiri timasokonekera, chifukwa a Lilith alipo angapo.

Dzinali ndi lakale kwambiri. Ku Mesopotamia kunali zikhulupiriro za mizimu ya usiku ya mayina ofanana nalo. M'Baibulo la Chiheberi liwuli limapezeka pa Yesaya 34:14, pakati pa zilombo zokhala m'mabwinja. Patapita zaka mazana ambiri, nthano za Ayuda zinamusandutsa mkazi woyamba wa Adamu, amene anakana kukhala pansi pa mwamuna n'kuchoka m'munda Hava asanalengedwe. M'buku la Genesis nkhani imeneyi mulibe. Ena amamuona ngati chiwanda, pamene amayi ena omenyera ufulu kuyambira zaka za m'ma 1970 anamutenga ngati chizindikiro cha mkazi wosalola kuponderezedwa.

Mu 1918 Mngelezi wina wopenda nyenyezi pofuna kulosera, Walter Gorn Old, amene ankalemba ndi dzina lakuti Sepharial, anatola mwezi wa Waltemath uja pamene akatswiri anautaya n'kuutcha Lilith. Anati ndi wolemera ngati mwezi wathu womwewu, koma ndi wakuda kotero kuti suoneka. Ameneyu ndiye Lilith woyamba, ndipo ndi yekhayo amene sayansi ingamuyankhe mwachindunji. Chinthu cholemera choncho sichibisala. Mwezi wathu umakoka madzi a m'nyanja zamchere, n'chifukwa chake ku Durban kapena ku Beira madzi amadzaza ndi kuphwa kawiri pa tsiku. Pakanakhala wina wofanana nawo, ndandanda ya madziyo ikanasokonekera, kadamsana sakanaloseredwa mpaka pa mphindi yake monga zimachitikira, ndipo ukanamatchinga nyenyezi podutsa. Za kuda nazonso sizithandiza. Mwezi umene timauti ndi woyerawu dothi lake ndi lotuwa ngati tala wakale wa pamsewu. Umabweza pang'ono chabe pa kuwala kumene umalandira, koma taonani mmene umawalira kumudzi.

Lilith wachiwiri ndi amene mtsikana uja ankanena, amene okhulupirira nyenyezi lero amamutcha mwezi wakuda. Ameneyu si chinthu ayi, ndi malo. Njira ya mwezi wathu si yozungulira bwinobwino, ndi yotambalala pang'ono ngati dzira. Nthawi zina mwezi umayandikira mpaka makilomita pafupifupi 363,000, nthawi zina umatalikira kufika cha pa 405,000. Mbali ya kuthambo imene kuli malo otalikitsitsawo ndiyo amaitcha Lilith. Malowo amasuntha pang'onopang'ono, kuzungulira thambo lonse pa zaka pafupifupi 9.

Amene mwakwerapo basi yopita kumudzi kudzera ku Beitbridge, mukadutsa Polokwane pa N1 pali chizindikiro cha mzere wa Capricorn. Mzerewo ndi weniweni, uli pa mapu, akatswiri amauwerengetsera. Koma basi siidumpha kanthu podutsapo, ndipo simungaujambule. Lilith ameneyu ali choncho. Aliyense wodziwa masamu atha kukuuzani pamene anali tsiku limene munabadwa, koma telesikopu yoloza pamenepo siipezapo mwezi wakuda uliwonse.

Kodi malowo amanena kanthu za moyo wa munthu? Okhulupirira amati amasonyeza zimene munthu amabisa, mkwiyo wake, zilakolako zimene amachita nazo manyazi. Asayansi amati kafukufuku sanapeze umboni wakuti kakhalidwe ka thambo pa tsiku lobadwa kamaumba khalidwe la munthu. Okhulupirira ena amayankha kuti kwa iwo ndi chinenero cha zizindikiro chodzisinkhira, si sikelo. Mipingo yambiri ndi mizikiti imakaniratu zonsezi. Mkangano umenewo sindiuweruza pano. Chimene mbali zonse zodziwa nkhaniyi zimavomerezana n'chakuti pamalopo palibe mwala.

Wachitatu ndi mwala weniweni, 1181 Lilith, wopezeka mu 1927. Umazungulira dzuwa pakati pa Mars ndi Jupiter, ndipo ndi dziko lathu ulibe nalo chibale.

Mlendo wa 2024

Tsopano tifike pa chimene mlamu wanga ankafuna. Pa 7 Ogasiti 2024 telesikopu ya ATLAS ya ku Sutherland, m'chipululu cha Karoo ku Northern Cape konkuno ku South Africa, inaona kadontho kosadziwika. Ntchito ya ATLAS ndi ulonda ndithu: kuyang'ana miyala imene ingagunde dziko n'kuchenjeza nthawi ikadalipo. Kadonthoko anakatcha 2024 PT5. Chilembo cha P chimangotanthauza kuti kanapezeka m'masabata awiri oyamba a Ogasiti.

Ndi mwala wa mamita pafupifupi 10, wosafika ngakhale pa basi ya ku Blantyre imene imaima pa Park Station. Umazungulira dzuwa m'njira yofanana kwambiri ndi ya dziko, ndiye unatiyandikira mwakachetechete, osathamanga. Akatswiri awiri apachibale a ku Madrid, Carlos ndi Raúl de la Fuente Marcos, anawerengetsera kuti kuyambira pa 29 Seputembala mpaka pa 25 Novembala mwalawo ukhala woyenda pang'onopang'ono kotero kuti mphamvu ya dziko iugwira. Masiku amenewo ndi amene anafalikira m'mafoni. Chimene sichinafalikire n'chakuti nthawi yonseyo unali pa mamiliyoni a makilomita, kutali kuposa mwezi wathu kangapo konse, kunja kwa malire a nyakwawa aja. Sunamalize kuzungulira dziko ngakhale kamodzi. Unangokhota n'kupitiriza, ndipo NASA, bungwe la America loona zakuthambo, linanena poyera kuti kwa iwo sunakhale mwezi. Kuuona ndi maso, kapena ndi telesikopu ya panyumba, kunali kosatheka, kaya muli ku Midrand kaya pamwamba pa Mulanje.

Mlendo ndi mame. Alendo otere anabwerapo ena, ndipo awiri anakhalitsako. 2006 RH120, wa mamita awiri kapena atatu, anazunguliradi dziko maulendo angapo pakati pa 2006 ndi 2007. 2020 CD3, wocheperapo, anapezeka mu Febuluwale 2020 atakhala nafe kale nthawi ndithu osadziwika, ndipo anachoka patangopita kanthawi. Onse awiri anapezeka ndi matelesikopu a ku Arizona.

Ndipatuke pang'ono. Joni imene lero magetsi ake amameza nyenyezi inali malo otchuka posaka zinthu zoterezi. Dera la Observatory, kuseri kwa Yeoville, linatenga dzina ku nyumba yoonera zakuthambo imene ili paphiri pamenepo. Pomwepo Robert Innes anapeza Proxima Centauri mu 1915, nyenyezi yoyandikana kwambiri ndi dzuwa lathu. Pomweponso Cyril Jackson anapeza miyala yambiri n'kumaipatsa mayina a malo a mu Africa. Umodzi, wa mu 1938, umatchedwa 1468 Zomba. Si mwezi, umazungulira dzuwa, koma ndikamadutsa pa Observatory pa takisi ndimakumbuka kuti Zomba ina ili kumwamba.

Oyenda nafe njira imodzi

Palinso gulu lina limene nyuzipepala zimakonda kulitcha miyezi. Tiyerekeze kuti muli m'takisi pa M1 kulowera ku Sandton, ndipo takisi ina ili mumzere wa pambali. Ikupitirirani, ilowe kutsogolo kwanu, ibwerere mbali inayo, itsalire m'mbuyo, kenako itulukirenso. Mwana amene ali pawindo anganene kuti ikukuzungulirani. Koma siinamangidwe kwa inu, nonse mukungotsata msewu umodzi pa liwiro lofanana. Miyala ina imazungulira dzuwa pa nthawi yofanana ndi chaka chathu, ndiye tikaiona kuchokera kuno imakhala ngati ikutizungulira.

Wotchuka pa oyenda nafe ndi Cruithne, wa makilomita pafupifupi 5, wopezeka mu 1986, amene kayendedwe kake kachilendo kanamveka bwino mu 1997. Wina ndi Kamoʻoalewa, wopezeka ku Hawaii mu 2016, wosapitirira mamita 100. Mu 2025 kunapezekanso 2025 PN7, ndipo uthenga wa miyezi iwiri unayambiranso kuzungulira ngati watsopano. Onsewa mfumu yawo ndi dzuwa.

Zinyalala zathu zomwe

Mu Seputembala 2002 Bill Yeung, munthu woona nyenyezi mongokonda, anapeza chinthu chikuzungulira dziko. Anachitcha J002E3, ndipo kwa masiku angapo anthu anayesa kuti mwezi wachiwiri wapezeka. Atayeza kuwala kwake anapeza kuti n'kofanana ndi kwa penti yoyera. Chinali chidutswa cha roketi ya Apollo 12 imene inapititsa anthu kumwezi mu 1969. Chinasochera zaka zoposa 30 n'kubwerera kwawo ngati mtchona. Mu 2020 zinachitikanso ndi 2020 SO, imene inapezeka kuti ndi chidutswa cha roketi ya Surveyor 2 ya mu 1966.

Chithunzi cha ku Hillbrow chija

Mukaloza foni pa chinthu chowala usiku, kuwalako kumanjanja pakati pa magalasi a kamera n'kusiya kadontho kobiriwira kapena kabuluu mbali ina ya chithunzi. Yesani ndi getsi la pamsewu. Mukasuntha foni kadonthoko kamasunthanso, ndipo mukatsitsa foni n'kuyang'ana ndi maso kulibe. Windo la magalasi awiri limachitanso chimodzimodzi. Mitambo yopyapyala ya m'mwamba kwambiri, imene imakhala ndi timiyala ta ayezi, nthawi zina imaika mawanga owala mbali ziwiri za mwezi, ndipo amenewo amaoneka ndi maso. Koma chithunzi cha pagulupu chinali ndi vuto lina losavuta: chinkaonetsa mwezi wathunthu pa sabata imene mwezi unali kufa.

Uthenga wina umene umabwera Ogasiti aliyense, wakuti pa 27 Ogasiti pulaneti ya Mars idzaoneka yaikulu ngati mwezi, unayamba mu 2003. Tsiku limenelo Mars inayandikiradi, pa makilomita pafupifupi 56 miliyoni. Uthenga woyamba unkati idzaoneka choncho mukaiyang'ana pa telesikopu yokulitsa maulendo 75. Mawu a telesikopuwo anagwera m'njira, ndipo wotsalawo wakhala ukuyenda zaka zoposa 20.

Zimene sizinayankhidwe

Mwezi waukulu wobisika kulibe, pamenepo akatswiri sakangana. Amakangana pa zina. Choyamba ndi dzina lenilenilo. Kodi mwala uyenera kuzungulira dziko kangati kuti utchedwe mwezi? Kamodzi? Kapena kungogwidwa kwa masabata angapo n'kokwanira, monga a ku Madrid aja amawerengera? Nanga ukhale waukulu bwanji, poti mwala wa mita imodzi ndi mwezi wa makilomita 3,474 kuwaitana dzina limodzi kukumveka ngati kutcha nsabwe ndi njovu kuti zonse ndi ziweto? Bungwe la akatswiri a zakuthambo la padziko lonse, limene linakhazikitsa tanthauzo la pulaneti mu 2006, silinaikepo malire otere pa mwezi.

Chachiwiri ndi kuchuluka kwa alendowa. Masamu a pakompyuta amasonyeza kuti nthawi iliyonse payenera kukhala kamwala ka pafupifupi mita imodzi kozungulira dziko, koma topezeka ndi towerengeka. Telesikopu yatsopano ya Vera Rubin ku Chile ikuyembekezeka kuonetsa ngati masamuwo akunena zoona.

Pali nkhani ya fumbi. Kazimierz Kordylewski wa ku Poland anajambula mu 1961 zimene anati ndi mitambo ya fumbi yoyenda m'njira ya mwezi, pa malo pamene kukoka kwa dziko ndi kwa mwezi kumalinganira. Chombo cha Japan chotchedwa Hiten chinadutsa m'malo amenewo kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990 osapeza fumbi lochuluka. Mu 2018 akatswiri a ku Hungary anati auona mtambo umodzi. Kodi ulipo nthawi zonse, kapena umasonkhana n'kumwazikanso?

Mu 2011 Martin Jutzi ndi Erik Asphaug anaperekanso ganizo lakuti dziko likadali laling'ono linalidi ndi miyezi iwiri, ndipo waung'ono unagunda waukulu mwapang'onopang'ono n'kumatirira kuseri kwake, n'chifukwa chake mbali ya mwezi imene sitiiona ili ndi mapiri ndi chikhungwa chokhuthala kuposa yoyang'ana kuno. Ena amafotokoza kusiyanako m'njira zina, ndipo nkhaniyo ikadali pabwalo.

Funso limene ine ndikudikira kwambiri ndi la kwawo kwa miyalayi. Kuwala kwa Kamoʻoalewa ndi kwa 2024 PT5 kukufanana kwambiri ndi kwa miyala ya kumwezi kuposa kwa miyala ina ya m'mlengalenga. Ena akuganiza kuti ndi zibenthu za mwezi wathu womwewu, zimene zinathothoka chinthu china chitaugunda. Ngati ndi choncho, mlendo wa 2024 anali mwana wa pakhomo pomwe. Dziko la China linatumiza chombo cha Tianwen-2 mu Meyi 2025 kukatapa dothi pa Kamoʻoalewa, ndipo dongosolo lake ndi lakuti dothilo lifike kuno mu 2027. Za 2024 PT5, masamu akuti idzatiyandikiranso mu 2055. Nditawauza mlamu wanga, anafunsa ngati pamenepo idzaoneke. Ndinawayankha kuti ayi, ndi maso sidzaonekanso.